Musanamange zipinda kumbuyo kwa nyumba ku Joni, yambani mwapita ku khonsolo

Ambiri amene tagula nyumba kuno ku South Africa, ndalama zikangoyamba kuoneka timaganiza zomanga zipinda ziwiri kapena zitatu kumbuyo kuti lendi izithandiza kubweza ngongole ya kubanki. Maganizowo ndi abwino. Vuto limabwera tikamanga ngati kumudzi, kumene amfumu akakulozera malo umangoumba njerwa n'kukumba maziko.

Kuno lamulo la 1977 lotchedwa National Building Regulations and Building Standards Act limaletsa kumanga popanda pulani yovomerezedwa ndi khonsolo ya dera lanu. Pulaniyo ajambule munthu wolembetsedwa ku SACAP, bungwe loyang'anira ojambula mapulani a nyumba, osati mnzanu wongodziwa kompyuta. Khonsolo imayenera kuyankha pasanathe masiku 30 ngati nyumbayo sikufika masikweya mita 500. Ntchito ikatha mumalemba kalata yopempha occupancy certificate, chikalata chotsimikiza kuti mwamanga motsatira pulani ndipo anthu angathe kukhalamo. Woyendera nyumba wa khonsolo amabwera kudzaona, ndipo amafuna satifiketi ya magetsi, nthawi zambiri ya mapaipi ndi ya injiniya wa denga kapena maziko. Zonse zikakhala m'malo, lamulo limawapatsa masiku 14 kuti atulutse chikalatacho. Kulowetsa anthu chisanatuluke ndi mlandu.

Nanga ngati zipinda zinamangidwa kale, anthu akugonamo? Musabisale, njira ilipo. Mumaitana wojambula mapulani kuti adzajambule zimene zilipozo, zomwe kuno amati as-built plans. Amabwera ndi tepi, kuyeza khoma lililonse, kukula kwa mawindo, mtunda wochokera pakhoma kufika kumpanda, n'kufufuza pamene padutsa paipi ya zonyansa. Pulaniyo imapita ku khonsolo, ndipo kawirikawiri pamakhala chindapusa chifukwa munayamba popanda chilolezo. Kuchuluka kwake kumasiyana mzinda ndi mzinda. Koma kulipira sikutanthauza kuti avomereza. Ngati khoma layandikira kwambiri malire, mungafunike kupempha kuti akufewetsereni lamulo la malirewo, ndipo oyandikana nawo angafunsidwe maganizo awo. Ngati mwamanga pamwamba pa paipi ya khonsolo, yembekezerani kugumula mbali imeneyo. Ndipo kugumula si nkhani yongoopsezera: mu 2013 khoti la Supreme Court of Appeal linagwirizana ndi khonsolo ya Ndlambe kuti nyumba yaikulu ya ndalama zambiri ku Kenton-on-Sea, m'chigawo cha Eastern Cape, igwetsedwe chifukwa inalibe pulani yovomerezeka.

Langizo langa n'lakuti mupite nokha asanakubweretsereni kalata. Moto ukabuka m'chipinda chopanda pulani, kampani ya inshuwalansi ingathe kukana kulipira. Tsiku lofuna kugulitsa kuti mubwerere kwathu, banki ya wogula ingafune mapulani, malonda n'kuima. Inunso pogula, pemphani mapulani ovomerezeka musanasaine, muyende nawo pabwalo n'kuona ngati garaja ndi zipinda zonse zilipo papepalapo.

Ambiri mwa ife timachita lendi, ndipo apa m'pamene mtima wanga umawawa. Pa 31 Ogasiti 2023 moto unapha anthu 76 m'nyumba ya Usindiso ku Marshalltown, Johannesburg, ndipo ena mwa iwo anali Amalawi anzathu. M'katimo munali tizipinda togawa ndi matabwa, ndipo njira zothawira zinali zotsekeka. Musanapereke dipoziti, funsani ngati nyumbayo ili ndi chikalata cha khonsolo chija cha occupancy certificate. Mwini wake akazemba, gwiritsani ntchito maso anu: yesani chitseko cha masitepe othawira ngati chikutseguka, onani ngati mawaya a magetsi akulendewera m'makonde, onani ngati zitsulo za pawindo zingakulepheretseni kutuluka ndi ana usiku.

Mukazindikira kuti chikalatacho palibe, musangosiya kulipira lendi, chifukwa mu 2017 khoti la Supreme Court of Appeal lija linagamula kuti kusowa kwa chikalatachi sikuthetsa mgwirizano wa lendi. Kadandauleni ku Rental Housing Tribunal ya chigawo chanu, bwalo loweruza mikangano ya pakati pa ochita lendi ndi eni nyumba; salipiritsa. Pitani ndi malisiti a lendi ndi zithunzi za pafoni. Landilodi akakwiya, dziwani kuti sangakutulutseni kapena kusintha loko popanda chilolezo cha khoti.