Momwe mungajambulire filimu ya ku Ndirande imene chithunzi chikulamulira mawu

Ambiri ojambula mafilimu akafika m'madera onyozeka amathira nyimbo yachisoni pamwamba pa zithunzi za ngalande ndi nyumba zazidina, ngati kuti anthu a kumeneko amangokhalira maliro. Pali njira ina imene imapatsa dera ulemu wake, ndipo tiifotokoza potengera Ndirande, mumzinda wa Blantyre.

Choyamba, pitani osanyamula kamera, mukaonekere kwa amfumu ndi akomiti ya msika, ndipo aliyense amene nkhope yake idzaoneke avomere yekha.

Mukayamba kujambula, ikani foni kapena kamera pa choimikira kuti isagwedezeke, muitchere pa zithunzi 25 pa sekondi, ndipo malo amodzi muziwajambula mphindi ziwiri kapena zitatu osasuntha. Funani zinthu zoyenda mobwerezabwereza: nyundo ya mmisiri wokhoma zidebe ndi mbaula, zigubu zikusendera pamzere wa madzi, zovala zikumenyedwa pamwala mumtsinje wa Nasolo.

Mawu muwajambule padera tsiku lina, mutatchera chojambulira mawu pa mlingo wa 48 kHz, maikolofoni ili pafupi kwambiri ndi chinthucho ndiponso itakutidwa ndi kansalu chifukwa cha mphepo.

Ntchito yeniyeni ili pakompyuta. Tsegulani DaVinci Resolve, pulogalamu yolumikizira mafilimu imene ili ndi mtundu waulere, zimitsani mawu onse, muonere zithunzizo kangapo muli chete, kenaka ikani chizindikiro paliponse pamene chinthu chagunda, chatembenuka kapena kuwala kwasintha. Ngati nyundo ikutsika kawiri pa sekondi, ndiye kuti phokoso lidzagwa pakapita zithunzi 12 kapena 13 zilizonse, ndipo kaphokoso kochedwa ndi zithunzi zitatu zokha woonera amakazindikira msanga. Sikuti phokosolo lichite kukhala la nyundo yomweyo ayi. Mukhoza kuikapo kugunda kwa mtondo kapena chitseko cha minibasi, bola nthawi yake ichokere m'chithunzi. Mthunzi ukaphimba malata, tsitsani mawu. Dzuwa likabwerera, akwere. Pamene palibe chikuyenda, musaope kusiya zii, ngakhale dzanja limayabwa kuti muikepo kanyimbo.

Musanaionetse pagulu, kumbukirani kuti lamulo la 1968 limafuna kuti filimu aione kaye a Censorship Board, bungwe la boma lounika mafilimu. Akaivomereza, yambirani ku Ndirande konko, m'kanyumba koonetseramo mavidiyo, muitane mmisiri uja akhale kutsogolo, ndipo akanena kuti nyundo yake silira choncho, bwererani pakompyuta mukakonze.