Musanachite apilo pa nkhani ya ana ku England, dziwani izi

Jaji akalamula kuti ana azikhala kwa mnzanu munasiyana naye uja, inu muziwaona Loweruka lokha, abale amathamangira kukuuzani kuti mukachite apilo. Koma ku England ndi Wales apilo si mwayi wokafotokozanso nkhani yonse kwa jaji wina wachifundo. Malamulo a Family Procedure Rules 2010, gawo 30, amalola khoti la apilo kusintha chigamulo pa zifukwa ziwiri zokha: ngati chinali cholakwika, kapena ngati mlandu unayendetsedwa molakwika kwambiri mpaka chilungamo chinasowa.

Chigamulo cholakwika si chimene chakuwawani ayi. Muyenera kuloza pamene jaji anaphonya: anatanthauzira lamulo molakwa, sanaganizire mfundo zimene lamulo la ana la Children Act 1989 limafuna, monga maganizo a mwana malinga ndi msinkhu wake, kapena sanafotokoze chifukwa chimene wagamulira choncho. Kudandaula kuti "anakhulupirira mabodza a uja" sikupita patali, chifukwa jaji woyambayo ndiye anaona mboni ndi maso ake, ndipo khoti la apilo silifulumira kumutsutsa pa zimenezo.

Chifukwa chachiwirichi ndicho chimatikhudza kwambiri ife obwera. Ngati munapempha womasulira koma mlandu unapitirira popanda iye, kapena lipoti la Cafcass (bungwe lolangiza khoti pa nkhani za ana) munalilandira pakhomo pa khoti osapatsidwa mpata woliwerenga ndi kuliyankha, pamenepo pali poyambira. N'chifukwa chake ndimati musamagwedeze mutu mwaulemu pamene simunamve. Nenani pomwepo kuti zilowe m'kaundula wa khoti. Ulemu wathu uja, wosafuna kudula mawu akuluakulu, ukhoza kukutayitsani mlandu.

Nthawi ndiye yochepa. Muli ndi masiku 21 kuchokera tsiku limene chigamulo chinaperekedwa, osati tsiku limene pepala linakufikani. Pa zigamulo zina, monga cholola khonsolo kusunga mwana mongoyembekezera, ndi masiku 7 okha. Kawirikawiri mumafunika kaye chilolezo cha khoti chochitira apilo, ndipo amachipereka akaona kuti apiloyo ikhozadi kupambana kapena pali chifukwa china champhamvu. Pemphani msanga mawu onse a jaji olembedwa, pa fomu ya EX107, chifukwa loya sangaone cholakwa m'zimene mukungokumbukira.

Umboni watsopano salandira wamba, makamaka ngati mukanatha kuupeza poyamba. Ndipo kuchita apilo sikuimitsa chigamulo: pitirizani kuchitsatira mpaka khoti litanena lokha kuti chiyambe chaima. Mukabisa mwana kapena kupita naye kumudzi mosemphana ndi chigamulocho, mwadziputira mlandu wina woopsa.

Ngati jaji sanalakwe koma zinthu ndizo zasintha, mwina mwapeza nyumba yabwino kapena mwasiya ntchito ya usiku, apilo si njira yake. Bwererani ku khoti lomwelo ndi fomu ya C100, mukapemphe kuti chigamulo chisinthidwe.