Risiva woikidwa ndi khoti akayamba kukudyerani masuku pamutu

Chigayo chathu cha ku Lunzu ndi nyumba zitatu za lendi zidakhala m'manja mwa risiva chaka chathunthu. Tidakangana ndi alamu anga pa za magawo, nkhani idafika ku Khoti Lalikulu ku Blantyre, ndipo jaji ataona kuti tikungolozana zala adalamula kuti katunduyo asungidwe ndi munthu wapadera mpaka mlandu udzathe. Risiva ndi ameneyo: amatolera ndalama, kulipira antchito, n'kusunga zotsala. Wathu adali wowerengera ndalama, wa taye yake, wolankhula mofatsa. Itakwana miyezi inayi chigayo chidaima chifukwa cha lamba woduka, lamba chabe, risivayo foni osayankha.

Ine mtima utakwera ndidauza anthu a lendi kuti azindipatsa ineyo ndalama. Loya wanga atamva adagwira kumutu n'kundifunsa ngati ndikufuna kukagona ku Chichiri. Risiva woikidwa ndi khoti si wantchito wanu, si wa mnzanu mukulimbana nayeyo, ndi dzanja la khoti. Mukathyola loko wake, mukatolera lendi kuseri kapena kumuopseza, mwanyoza khoti, ndipo mlandu umene mukadawina usanduka wanu. Lumani mano, katunduyo musamukhudze.

Mukafuna kumuchotsa, yambani ndi chikalata chimene chidamuika paudindo. Kachitengeni kukhoti, muchiwerenge ndi cholembera m'manja. M'menemo mupeza mphamvu zimene adapatsidwa, nthawi yoperekera malipoti a ndalama, chikole ngati adauzidwa kupereka, ndi za malipiro ake. Chathu chimati lipoti lizibwera miyezi itatu iliyonse. Silidabwerepo.

Kenako mulembereni kalata yopempha lipotilo, mumupatse masiku. Kope lanu akudindireni ku ofesi kwake. Jaji amafuna kuona kuti mudayamba mwapempha mwaulemu.

Ntchito yaikulu ili pa umboni, ndipo apa mpamene ambiri amagwera. Kunena kuti "munthuyu ndi wakuba" sikusuntha jaji aliyense. Chimene chidandipulumutsa ine ndi kope lamafutamafuta la mnyamata wa pachigayo, momwe ankalemba ndowa zogayidwa tsiku ndi tsiku, m'mphepete akulembanso za mayunitsi a magetsi. Mayi wina wa lendi adasunga mameseji onse a Airtel Money osonyeza tsiku ndi nambala yomwe adatumizako. Titaphatikiza zimenezi ndi zomwe risiva ankati watolera, mpata udaoneka wokha. Jambulani makina oima, denga lodontha, chilichonse chowonongeka ali iye woyang'anira.

Pempho lomuchotsa limapita kukhoti lomwe lidamuika, pa nambala ya mlandu yomweyo, osati kupolisi kapena kwa amfumu. Malamulo a kayendetsedwe ka milandu ku Khoti Lalikulu a 2017 amafuna kuti pempho lotere litsagane ndi chikalata cholumbira, umboni wanu uli chomatira kumbuyo. Zifukwa zomveka ndi monga kusapereka malipoti, kukondera mbali imodzi, kukhala ndi phindu lake pa katunduyo, kugulitsa zomwe sadaloledwe, kapena kulekerera zinthu kuwonongeka. Kungodana naye sichifukwa. Onse okhudzidwa apatsidwe mapepala, iyenso risiva ali ndi ufulu woyankha. Ndipo musapite chimanjamanja: tchulani munthu wina woyenera amene wavomera kulowa m'malo, chifukwa jaji sangasiye katundu wa mkangano padzuwa.

Kumusumira kuti alipe ndi nkhani ina, yolimbirapo. Pa zimene wachita monga risiva, muyenera kupempha kaye chilolezo kukhoti lomwe lidamuika, mwambo umene tidatengera ku malamulo a ku England. Mukasuma popanda chilolezo, mlandu ukhoza kuimitsidwa musanatsegule pakamwa. Ine ndidaona kuti njira yachidule ndi kuika zonse m'pempho lomuchotsa lija: khoti liunike mabuku ake, lidule malipiro ake, limulamule kubweza zosowazo, ngakhale kuchokera pa chikole chija. Werengeraninso mtengo wake. Akapezeka kuti sadalakwe, ndalama za maloya ake zikhoza kutuluka m'katundu yemwe mukulimbiranayo.

Ngati risiva wanu adaikidwa ndi banki chifukwa cha ngongole ya kampani, ameneyo ndi wina, njira zake muzifufuze m'lamulo la Insolvency Act la 2016 ndi m'pangano lomwe mudasaina. Amene alibe ya loya akagogode ku Legal Aid Bureau, atanyamula chikalata chija ndi malisiti.

Wathu adachotsedwa, malipiro ake a miyezi yomwe chigayo chidaima adadulidwa. Wolowa m'malo adagula lamba sabata yoyamba. Mlandu wa ine ndi alamu anga udakali kukhoti, ndipo kope la mnyamata uja ndimalisunga m'sutikesi limodzi ndi mapepala a malo.