Periodide ndi chani, ndipo mungamuonetse bwanji mwana pogwiritsa ntchito nsima ya m'mbale

Makolo anzanga amene muli ndi ana a Form 3 mpaka Upper Six kuno ku Harare, kaya akulemba ZIMSEC kaya Cambridge, pali mawu angapo a Chemistry amene amazunguza mutu ana athuwa chifukwa amafanana kwambiri: iodide, iodate, periodate, periodide, triiodide ndi polyiodide. Mwana amangoloweza onse ngati chinthu chimodzi nde pa mayeso nkulemba lina m'malo mwa linzake, malikisi nkupita. Ine zimandiwawa chifukwa nkhaniyi siyovuta, ndipo zida zomuonetsera mwana ndi maso ake zili kale mnyumba zathu, sizifuna labu ayi.

Tiyambe ndi periodide yemweyo. Ayodini payekha amayenda awiriawiri, amalembedwa I2. Atomu imodzi ikalandira elekitironi imakhala iodide, I-, ngati amene ali mu potassium iodide, KI, ndipo ameneyu mmadzi alibe mtundu, madzi amangooneka mbee. Tsono iodide uja amatha kugwira ayodini wina wowonjezera, I- kuphatikiza I2 nkukhala I3-, maatomu atatu koma chaji imodzi yokha. Akagwiranso wina zikhala I5-, kenako I7-, zimapitirira choncho. Mankhwala amene ali ndi ayodini wochuluka chonchi kuposa iodide wamba ndi amene mabuku akale amawatchula kuti periodide. "Per" wakutsogoloyo akungonena kuti ayodini wachuluka kupitirira muyezo wa masiku onse, basi. Mabuku atsopano amakonda kunena kuti polyiodide, kapena amatchula nambala yeniyeni, triiodide ngati ali atatu, pentaiodide ngati ali asanu. Nde mwana akapeza "potassium periodide" mbuku lakale logula pa msewu mtauni asadabwe, kawirikawiri akunena KI3, amene lero timati potassium triiodide.

Katchulidwe kake muwaphunzitsenso, ndi per-iodide, "per" payekha kenako "iodide", sizikukhudzana ndi period kapena periodic table ngakhale pang'ono. Palinso asidi wina amalembedwa periodic acid, HIO4, naye ndi per-iodic, ana ambiri amaganiza kuti ndi asidi wa pa tebulo lija.

Pamene pamagwa ana ambiri ndi pa periodate. Kusiyana kwake mmalembedwe ndi kochepa koma ndi zinthu zosiyana kutalitali. Lamulo losavuta pa mawu a ayodiniwa ndi ili, mawu akathera ndi "ate" ndiye kuti muli okosijeni, akathera ndi "ide" mulibe. Iodate ndi IO3-, ayodini wake ali pa +5, nambala imene mkalasi amati oxidation number. Periodate ndi IO4-, ayodini ali pa +7, ndipo apa "per" akunena kuchuluka kwa okosijeni osati kwa ayodini. Pomwe mu triiodide mulibe okosijeni olo mmodzi, ndi ayodini yekhayekha, ndipo mukagawa chaji ija kwa maatomu atatu aliyense amapeza -1/3. Mwana wa A Level adziwenso kuti I3- ndi yowongoka, madigiri 180, atomu yapakati ili ndi ma lone pair atatu (maelekitironi awiriawiri osagwirana ndi atomu ina), funso limeneli aphunzitsi amalikonda.

Chenjezo lina laling'ono, si dzina lililonse lokhala ndi triiodide limene lili ndi I3- mkati. Phosphorus triiodide, PI3, ndi fosiforasi mmodzi wogwirana ndi maayodini atatu aliyense payekha, ameneyo si periodide. Koma KI3 ndi K+ ndi I3-, chifukwa potaziyamu sangakhale ndi chaji ya +3. Njira yodziwira ndi kufunsa kuti chitsulochi kapena atomu inayo ingakwanitse kugwira maayodini atatu payokha? Ngati singathe ndiye kuti maayodiniwo agwirana okhaokha.

Nanga nchifukwa chani anthu anavutikira kupanga zimenezi? Ayodini anapezeka mu 1811, anamupeza Bernard Courtois wa ku France amene ankawotcha ndere za m'nyanja kuti apeze zopangira wonga wa mfuti, atathira asidi wambiri mphulusamo anangoona nthunzi ya pepo ikukwera. Vuto linali loti ayodiniyu sasungunuka bwino mmadzi, mu lita yathunthu amangolowa pafupifupi magalamu 0.3 basi, wotsalayo amakhala pansi. Koma mukayamba mwathira potassium iodide mmadzimo, ayodini amasungunuka wambiri chifukwa akusanduka I3-, madzi nkukhala a bulauni. Mu 1829 dokotala wina wa ku France, Jean Lugol, anapanga mankhwala otere ndipo mpaka lero amatchedwa Lugol's solution, wamphamvuyo amakhala ndi 5% ayodini ndi 10% potassium iodide. "Iodine solution" amene ali mu labu ya kusukulu ndi yemweyu wosungunulidwa, nchifukwa chake pa botolo pamalembedwa kuti iodine in potassium iodide.

Tsopano ku khitchini. Pitani ku famase iliyonse, kaya ku Machipisa kaya mtauni, mugule kabotolo kakang'ono ka ayodini wa pa zilonda, tincture kapena Betadine zonse zimagwira, bola akhale wa bulauni, alipo wina woyera amene anamuchotsa mtundu ameneyo sagwira ntchito iyi. Thirani madontho ochepa mu tambula ya madzi mpaka aoneke ngati tiyi wopanda mkaka wosapsa bwino. Musachulutse, akada kwambiri simuona kusintha. Tengani mbale yoyera, ikanipo kachidutswa ka nsima, anzathu kuno amati sadza, kambewu ka mpunga wophika, buledi, mbatata yodula, pambali pake shuga pang'ono, mchere ndi choyera cha dzira. Mupatseni mwanayo supuni adonthetse yekha. Pa nsima dontho likangogwa pamada nthawi yomweyo, buluu wakuda bii, mpaka mmphepete mwa donthomo mumaoneka mtundu ukuyenderera kutsata timabowo ta nsimayo. Pa shuga ndi dzira palibe chochitika, pamangokhala chikasu chomwe chija. Mukapita ku Mbare Musika mugulenso nthochi ziwiri, yaiwisi ndi yakupsa kwambiri, yaiwisi imada zedi pomwe yakupsa imangosintha pang'ono chifukwa sitachi wake wasanduka shuga.

Apa ndi pamene periodide akuonekera ndi maso. Mu sitachi muli gawo lotchedwa amylose, ndi tcheni lalitali lopiringizika ngati sipuling'i, pakati pake pali mpata. Maayodini aja, I3- ndi I5-, amalowa mumpatamo nkundandana mzere wautali, ndipo akakhala mumzere choncho amameza kuwala mosiyana ndi mmene amachitira ali omwazika mmadzi, nde maso athu amaona buluu wakuda. Zoti ayodini amadetsa sitachi zinapezeka kale mu 1814, patangopita zaka zitatu ayodini atadziwika. Chofunika mwana agwire ndi ichi, iodide payekha sadetsa sitachi, pamafunika I2 ndi I- onse awiri kuti apange tcheni chija.

Nchifukwa chake mchere wathu wa mpaketi, ngakhale analemba kuti iodised, mukauwaza pa nsima nsimayo siisintha mtundu. Mumcheremo amaikamo potassium iodate kapena potassium iodide, werengani pa paketi muona, ndipo ndi wochepa kwambiri, ntchito yake ndi kuteteza ku chithokomiro ndi kuthandiza ubongo wa mwana kukula bwino. Si periodide ameneyo. Ndipo chonde pasapezeke wina woganiza kuti ayodini wa pa zilonda angamwe kuti achize chotupa cha pakhosi, ameneyo ndi wopaka kunja kokha, akachuluka mthupi amasokoneza chithokomiro chomwecho, wodwala apite kuchipatala.

Mukafuna kuti mwana amvetse zenizeni, pangani madzi a sitachi. Supuni yaing'ono ya ufa woyera kapena cornflour mu kapu ya madzi, wiritsani pang'ono mukutakasa, zizizire, kenako tsanulirani madzi apamwamba okhawo mu kabotolo kagalasi koonekera. Dontho limodzi kapena awiri a ayodini wosungunula uja, madzi onse buluu. Ikani kabotoloko mu poto wa madzi otentha muziyang'ana, buluu uja amayamba kuzilala mpaka kutha, chifukwa kutentha kwamasula amylose ndipo maayodini atuluka mumzere. Chotsani muike mmadzi ozizira, mtundu umabwerera kuyambira pansi pa botolo pamene pazizira msanga. Ukapanda kubwerera bwino ndiye kuti mwatenthetsa nthawi yaitali ayodini wina wathawa ndi nthunzi, ingowonjezerani dontho. Ine mbali imeneyi ndi imene ndimaikonda kuposa zonse chifukwa mwana amaona yekha kuti palibe chawonongeka, zangosiyana kenako zagwirananso, ndipo mawu oti reversible amene amaloweza mkalasi amayamba kukhala ndi tanthauzo.

Kenako phwanyani piritsi la vitamin C muthire kaufa kake pang'ono mmadzi a buluu aja. Mtundu umatha pompo ndipo ulendo uno subwerera olo muziziritse bwanji, chifukwa vitamin C wapereka maelekitironi, ayodini yense wasanduka iodide wamba. Madzi a ndimu kapena a lalanje amachitanso koma amafuna ochulukirapo, ndipo mwana wochangamuka atha kuwerenga madontho nkufananitsa kuti chipatso chiti chili ndi vitamin C wambiri. Kuyeza kuchuluka kwa mankhwala powerenga madontho kotereku ndi titration kale, ya mnyumba. Ku A Level amachita zomwezi ndi sodium thiosulfate, I2 mmodzi amadya ma thiosulfate awiri, ndipo mumuuze asathire sitachi koyambirira ayi, adikire mpaka bulauni uja atazilala kufika pa chikasu chotuwa ndiye athire, akafulumira sitachi amagwira ayodini wambiri nkumamutulutsa mochedwa, nambala yomaliza imalakwika.

Pa mayeso kalembedwe kake nkofunika. Akafunsa za food test alembe kuti iodine solution, mtundu kuchoka pa brown kupita pa blue-black, asalembe purple ndipo asalembe iodide solution. Akafunsa chifukwa chimene ayodini amasungunukira mu KI alembe I2 + I- kupanga I3- ndi mivi iwiri yoyang'ana uku ndi uku. Mawu oti periodide ngwofunika kuwamva akawapeza powerenga, koma polemba yekha ine ndingamulangize agwiritse triiodide kapena polyiodide, amatchula chinthu chenicheni ndipo wochonga sangaganize kuti amafuna kulemba periodate.

Izi sizothera mkalasi zokha. Kuno timagwira madola a ku America tsiku ndi tsiku, ndipo mwaonapo mma shopu ena wogulitsa akulemba kamzere pa 50 kapena 100 ndi kapeni kenakake asanakupatseni chenji. Mu peni imeneyo muli ayodini. Pepala wamba la mu printa lili ndi sitachi nde mzere umada, pomwe pepala la dola ndi la thonje 75% ndi linen 25%, lopanda sitachi, mzere umakhala wachikasu. Mwana atha kuyesa yekha ndi dontho pa pepala la mu kope lake. Koma amene mumagulitsa musadalire peni yokhayo, wakuba akapeza pepala lopanda sitachi peniyo siiona kanthu, yang'ananinso kaulusi ka mkati ndi nkhope yoonekera mukaloza ndalamayo ku dzuwa. Sikirini ya LCD ya foni, TV kapena kakyuleta nayo ili ndi kapulasitiki kopyapyala kosefa kuwala, ndipo mwa ambiri mwa timapulasitiki timeneti muli matcheni a ayodini omwewa atandandalikidwa mbali imodzi. Chiyambi chake ndi mu 1852 pamene dokotala wa ku Bristol, William Herapath, anapeza timiyala ta ayodini ndi kwinini tosefa kuwala, ndipo Edwin Land wa kampani ya Polaroid anadzagwiritsa timiyala tomweto patapita zaka zambiri. Kuchipatala nako Lugol's amathandiza poyeza khomo la chiberekero, malo abwinobwino amada bulauni chifukwa ali ndi glycogen, chinthu cha mthupi chofanana ndi sitachi, malo okayikitsa amakhala otuwa.

Mukamachita zonsezi mnyumba wamkulu akhalepo. Chakudya chilichonse chimene mwadonthezapo ayodini mutaye, osapatsa nkhuku kapena galu. Musasakanize ayodini ndi mankhwala otsukira mnyumba, makamaka okhala ndi ammonia, zimapanga chinthu choopsa chophulika, ndipo ndi bleach yemwe ayi. Amene thupi lake limadana ndi ayodini asamugwire ndi manja. Botolo mulitseke bwino muliike pamthunzi patali ndi ana aang'ono chifukwa ayodini amauluka likakhala pululu. Ndipo mwana avule yunifomu asanayambe, dontho likagwera pa shati loyera limasiya banga, loti munalithira sitachi posita ndiye limada bii. Zikachitika musathamangire bleach, sungunulani piritsi la vitamin C mmadzi pang'ono, nyowetsani pabangapo mpaka lizilale, kenako chapani ndi sopo ngati masiku onse.