Momwe mungapangire filimu ya zochitika zenizeni popanda kampani

Wojambula woima payekha alibe bwana, alibenso womulipira. Chuma chake ndi munthu amene wamulola kulowa m'moyo wake, ndiye yambirani pomwepo.

Pezani munthu, osati mutu wa nkhani chabe. "Umphawi" si filimu. Filimu ndi munthu amene pali chomwe akufuna, koma china chikumutchinga. Lembani nkhaniyo m'ziganizo ziwiri, ndipo zikakukanikani musagwire kamera. Kachezeni naye kangapo kamera mutaisiya kunyumba, chifukwa munthu amene wangokudziwani lero amanena zimene akuganiza kuti mukufuna kumva. Mukagwirizana, asaine kalata ya chilolezo yonena kumene filimuyo idzaonetsedwe. Popanda kalatayi mawailesi a kanema ambiri sadzailandira.

Pojambula, samalani mawu kuposa chithunzi. Anthu amapirira chithunzi chogwedera, koma mawu akamavuta kumva amangoisiya. Maikolofoni yaing'ono yomangirira pachovala ikhale masentimita 15 mpaka 20 pansi pa chibwano, pamene nsalu kapena mkanda sizingaikhule. Mahedifoni asachoke m'makutu: kulira kwa firiji kumene khutu lanu lakuzolowera, maikolofoni imakutola konse. Pa mita yoonetsa kukwera kwa mawu, mawu azifika cha pa -12 dB. Akagunda 0 amasweka ndipo sakonzekanso. Mukamaliza, onse akhale chete mujambule phokoso la chipindacho kwa masekondi 30, mudzatsekere mipata podula, ndiko kuti posanja ndi kulumikiza zimene mwajambula. Kumene magetsi ndi a 50 Hz, ikani kamera pa mafulemu (zithunzi) 25 pa sekondi ndi shutter (nthawi imene kamera imalowetsa kuwala pa chithunzi chilichonse) 1/50 ya sekondi kuti mababu asamaphethire.

Pofunsa munthu wanu, funso loti "Munakhumudwa?" limabala "inde" basi. Nenani kuti "Tandifotokozereni za tsiku limenelo." Akamalankhula musamavomereze ndi pakamwa, ingogwedezani mutu, poti "eee" wanu adzalowa pamwamba pa mawu awo. Akamaliza dikirani masekondi asanu. Nthawi zambiri za kumtima zimatuluka pamene mwangoti zii. Kenako jambulani manja akugwira ntchito, khomo, nkhope ikumvetsera, chilichonse kwa masekondi 10 kamera osaigwedeza. Zimenezi n'zomwe zimaphimba pamene mwadula.

Madzulo aliwonse koperani zonse pa hard drive (zosungira zinthu za pakompyuta) ziwiri musanafufute khadi ya m'kamera.

Podula, yambani mwalemba zonse zimene zinayankhulidwa, ndi nthawi yake, n'kusanja nkhaniyo papepala. N'zotopetsa, koma amene amadumpha apa amasochera miyezi. Pulogalamu ya pakompyuta yodulira filimu yotchedwa DaVinci Resolve ili ndi mtundu waulere wokwanira ntchitoyi. Nyimbo ya mwini wake musaiike popanda chilolezo cholemba.

Ndalama zimapemphedwa. IDFA Bertha Fund ya ku Amsterdam imathandiza ojambula a ku Africa, Asia, Latin America ndi madera ena, Hot Docs-Blue Ice Docs Fund ndi ya ojambula a mu Africa, ndipo Sundance Institute nayo ili ndi thumba lake. Konzeranitu ndondomeko ya filimuyo, bajeti, ndi kachidutswa ka mphindi zochepa koonetsa munthu wanu akulankhula momveka bwino.