Ukafuna kugwira kamera ya mafilimu ku Romania, yambira ku penti ndi mipando

Ambiri amaona ngati wojambula filimu amangodzuka n'kunyamula kamera basi. Ayi aise, njira yomwe ine ndimaikhulupirira ndi yodzera ku art department, komwe amakonza malo ojambulira, makoma, makatani, mipando, ngakhale kapu yomwe ili patebulo.

Choyamba sukulu. Ku Bucharest kuli UNATC I.L. Caragiale, yunivesite ya zisudzo ndi mafilimu, ndipo Mihai Mălaimare Jr. anaphunzira kumeneko asanatengedwe ndi Francis Ford Coppola, wotsogolera mafilimu wa ku America, kukajambula filimu ya Youth Without Youth ya 2007, ali mnyamata ndithu. Chiyankhulo chawo uchiphunzire, pa seti (malo ojambulira) anthu amakuwa mwachangu palibe woti azikumasulira.

Kenako saka ganyu ku masitudiyo, ku Buftea kapena ku Castel Film yomwe anayambitsa Vlad Păunescu mu 1992, iyenso munthu wa kamera. Usachite manyazi kunyamula mipando ndi zitini za penti, apa ndi pomwe pali phunziro lenileni. Mwachitsanzo khoma loyera kwambiri limabweza kuwala konse n'kuononga chithunzi nde amalipaka kuti lide pang'ono, nsalu yatsopano amatha kuiviika mu tiyi kuti ioneke yakalekale, ndipo nyale yomwe ikuoneka mu filimu amasankha a art department koma babu lake amalamula ndi wa kamera, nde ukakhala pakati pa anthu awiriwa ukumva kukangana kwawo tsiku ndi tsiku umayamba kuona kuwala mwa mtundu wina. Taona filimu ya 4 Months, 3 Weeks and 2 Days yomwe Oleg Mutu anajambula, ija inapata mphoto yaikulu ya Palme d'Or ku chikondwerero cha mafilimu cha ku Cannes mu 2007, nkhani yake ndi ya mu 1987 nthawi ya Ceaușescu, yemwe ankalamulira Romania, makonde amdima, zipinda za hotelo zozizira, kamera sisunthasuntha kwa nthawi yaitali moti chilichonse chili m'chipindamo chimaonekeratu. Pamenepo wokonza chipinda akalakwitsa kamodzi sungabise.

Ukazolowera, pempha kulowa m'gulu la kamera. Umayamba ndi kuomba kabolodi kaja amaomba poyamba kujambula ndi kumata tepi pansi pomwe wosewera aime, kenako kukoka focus kuti chithunzi chioneke bwino osati mbuu (ntchito yovuta iyi, ukaphonya aliyense amadziwa kuti ndiwe), pang'onopang'ono mpaka kugwira kamera yeniyeni. M'nyengo yozizira mabatire uziwasunga m'thumba la jekete, kuzizira kwa kumeneko kumawamaliza msanga.

Masiku opanda ganyu jambula timafilimu tatifupi ta anzako a kusukulu olo kwaulere, n'kukayesa mwayi ku TIFF, chikondwerero cha mafilimu cha ku Cluj-Napoca. Ndipo namba ya bwana wako wa ku art department usaifufute, miyezi yomwe foni ya kamera ili zii ndi iyeyo amakuitana kukapenta seti.