Kuyabwa kwa khungu mukatuluka m'madzi: momwe mungachitire kuno kuchigwa cha Shire

Mu Okutobala ndi Novembala, pamene kutentha kwa ku Ngabu ndi ku Nsanje kumapitirira madigiri 40, n'kovuta kuletsa mwana kudumphira m'ngalande. Akuluakulu nawonso ali m'madzi tsiku ndi tsiku: asodzi ku Elephant Marsh, alimi a mpunga ku Muona ndi ku Nkhate, amayi ochapa m'mbali mwa Shire, ndi ena okazula nyika kudambo la Ndindi chaka cha njala. Ambiri mwa iwo vutoli amalidziwa. Munthu wangotuluka m'madzi, miyendo yayamba kunyerenyetsa, ndipo pofika madzulo khungu ladzaza tiziphuphu toyabwa zedi.

Kuyabwaku pakokha kumatha, ndipo pali njira zosavuta zokuchepetsera. Koma kuno kwathu kumachokera kuwiri. Mwina ndi tizilombo ta mbalame ndi ziweto, timene kawirikawiri timafera pakhungu pomwepo. Mwinanso ndi tizilombo ta likodzo, timene timapitirira mpaka m'magazi. Ndi maso simungasiyanitse, choncho muyenera kusamalira khungu lero, kenako n'kuwerenga masabata.

Chimene chimachitika m'madzimo

Atsekwe, abakha ndi mbalame zina za m'dambo zimakhala ndi tinyongolotsi m'mitsempha ya magazi. Ng'ombe ndi mbuzi nazo zili ndi mitundu yakeyake. Mazira a tinyongolotsito amatuluka ndi zitosi kapena ndowe, n'kuswa akafika m'madzi. Zoswazo zimalowa m'nkhono zing'onozing'ono zimene zimamatirira ku bango, ku udzu wa m'madzi ndi kunsi kwa namasupuni. Pakapita masabata angapo, nkhono imodzi imayamba kutulutsa tizilombo tambirimbiri ta mchira wogawanika pawiri, tosafika milimita imodzi kutalika. Timasambira kufunafuna mbalame kapena chiweto chake, ndipo tikapanda kuchipeza timafa pakatha tsiku limodzi kapena awiri.

Tikakumana ndi munthu timaboola khungu m'mphindi zochepa. Ta mbalame sitingakule m'thupi la munthu, ndiye timafera pomwepo, ndipo kuyabwa ndi kutupa kumene mumamva ndi thupi likulimbana nato. N'chifukwa chake munthu amene wakumana nato kambirimbiri amayabwa msanga komanso kwambiri kuposa wolowa koyamba. Ta likodzo la anthu timadutsanso m'nkhono mwa njira yomweyo, koma timachokera ku mkodzo ndi chimbudzi cha munthu wodwala. Timeneti nthawi zambiri timayabwa pang'ono chabe, kapena osayabwa n'komwe, makamaka kwa amene anakulira m'mbali mwa madzi. Kusayabwa sikutanthauza kuti madziwo ndi abwino.

Tizilomboti timachuluka m'madzi osaya, ofunda, oyenda pang'onopang'ono kapena ongoima: m'mphepete mwa dambo, m'ngalande zomera udzu, m'minda ya mpunga, ndi m'zithaphwi zimene madzi osefukira amasiya, monga zinatsala m'madera ambiri namondwe Freddy atadutsa mu Malichi 2023. Mphepo imatikankhiranso kugombe, kumene ana aang'ono amasewera.

Gawo loyamba: mukangotuluka m'madzi

Musadikire kuti thupi liume lokha ndi dzuwa. Pukutani mwamphamvu ndi thawulo kapena chitenje chouma, kuyambira kumapazi kukwera m'mwamba, osaiwala kuseri kwa mawondo ndi pakati pa zala. Vulani zovala zonyowa. Ngati mjigo uli pafupi, sambani ndi sopo ndi madzi a pamjigo. Kupukuta kumachotsa tizilombo timene tikadali pamwamba pa khungu, motero kumachepetsa tiziphuphu. Timene talowa kale sikungatitulutse, ndipo musakudalire ngati chitetezo cha likodzo.

Gawo lachiwiri: onetsetsani kuti ndi vuto lomweli

Apa ndi pamene anthu ambiri amasochera n'kugula mankhwala olakwika. Kuyabwa kwa m'madzi kumayamba patangopita mphindi kapena maola ochepa chitulukireni m'madzi. Tiziphuphu timaoneka mkati mwa maola 12, tina n'kusanduka timatuza. Timakhala pokhapokha pamene panafika madzi, kawirikawiri pamalo posavala. Wolima mpunga amakhala nato kulekeza m'mawondo ndi m'mikono, wosodza ndi mono kulekeza m'chiuno. Pakhungu lakuda kufiira sikuoneka bwino, choncho yendetsani dzanja: mumva timabamphu tolimba, tomwazikana. Kuyabwa kumakula tsiku lachiwiri ndi lachitatu, kenako kumazirala pakatha sabata imodzi, nthawi zina iwiri. Sikupatsirana, ngakhale mugone mphasa imodzi.

Mphere ndi ina. Imakonda pakati pa zala za m'manja, m'mikono, m'chiuno ndi kumaliseche, imavuta kwambiri usiku, siitha yokha, ndipo imayenda nyumba yonse. Tiziphuphu ta thukuta timatuluka m'khosi, kumsana, m'khwapa ndi pansi pa zovala, ngakhale munthu sanapite kumadzi. Chipere chimakhala chozungulira, chotuwa m'mphepete, ndipo chimakula pang'onopang'ono. Ngati ana atatu a makomo osiyana asambira pamalo amodzi ndipo onse ayamba kukanda miyendo tsiku lomwelo, vuto lili m'madzimo.

Gawo lachitatu: chepetsani kuyabwa

Yambani ndi kuziziritsa. Viikani kansalu koyera m'madzi ozizira a mumtsuko, finyani pang'ono, ikani pamalo poyabwa kwa mphindi 10 mpaka 15, ndipo bwerezani nthawi iliyonse kuyabwa kukabuka. Madzi otentha amakoma pa nthawiyo koma amasiya khungu likuyabwa koposa.

Soda wa m'paketi, yemwe amathira m'therere, amathandiza. Sakanizani masupuni aang'ono atatu a soda ndi supuni yaing'ono imodzi ya madzi oyera kuti zikhale phala, pakani pa tiziphuphu, dikirani mphindi 10, tsukani. Chidulo cha phulusa musachiyerekeze, chimawotcha khungu.

Kufamase kapena kuchipatala mungapeze mankhwala amadzi opaka pakhungu otchedwa calamine. Khutchumulani botolo, pakani ndi thonje katatu kapena kanayi patsiku, musiye aume. Ngati kuyabwa kwakula, pakani mafuta a hydrocortisone a 1% mopyapyala kawiri patsiku, osapitirira masiku 7, ndipo musapake pabala lotseguka kapena pafupi ndi maso. Mafuta amphamvu oyeretsa khungu ogulitsidwa pamsika asiyeni. Amaletsadi kuyabwa, koma amapyapyalitsa khungu ndi kubisa matenda amene akuyamba.

Kuyabwa kukakulepheretsani kugona, imwani chlorpheniramine, amene ambiri amamudziwa kuti Piriton. Wamkulu amamwa piritsi limodzi la 4 mg, ndipo angabwereze pakatha maola 4 mpaka 6, osapitirira mapiritsi 6 patsiku. Mwana wa zaka 6 mpaka 12 amamwa theka la piritsi. Wochepera pamenepo, mayi woyembekezera ndi woyamwitsa ayambe afunsa achipatala. Mankhwalawa amagonetsa, ndipo mfundo imeneyi si yaing'ono kuno: msodzi amene akukwera bwato usiku m'madzi a ng'ona ndi mvuu, kapena wakabaza wonyamula anthu, asamwe asanapite kuntchito, ndiponso asaphatikize ndi mowa. Kwa otere cetirizine wa 10 mg kamodzi patsiku ndiye wabwinoko, chifukwa sagonetsa kwambiri.

Chimene chimawononga zinthu kwenikweni ndi kukanda. Zikhadabo zimang'amba khungu, ntchentche ndi fumbi zimabweretsa majeremusi, ndipo katuza kamene kakanatha m'sabata imodzi kamasanduka chilonda cha mafinya. Wengani zikhadabo za mwana, musambitseni ndi sopo kawiri patsiku, ndipo usiku muvekeni zovala zopepuka zophimba miyendo. Palafini, oyilo wa galimoto, dibu ya ng'ombe ndi mankhwala opopera thonje zisayandikire khungu la munthu. Pakhungu palibe chamoyo choti muphe, tizilomboto tinafa kale kapena tinalowa kale mkati mwa thupi, ndipo mankhwala a ziweto ndi a mbewu amalowa m'thupi kudzera pakhungu n'kupha mwana.

Pitani kuchipatala msanga mukaona mafinya kapena nkhanambo zachikasu, malo otupa, otentha ndi opweteka amene akukula, mwanabere m'mphechepeche, kutentha thupi, kapena ngati papita masabata awiri osasintha. Mwana amene anali ndi zilonda zapakhungu akayamba kutupa nkhope ndi kukodza mkodzo wakuda afunika kuonedwa tsiku lomwelo, chifukwa majeremusi a m'zilonda amatha kukhudza impso. Kubanika ndi kutupa milomo n'kwadzidzidzi, musagone nako.

Gawo lachinayi: werengani masabata

Lembani tsiku limene munalowa m'madzi, ngakhale kuseri kwa buku la kuchipatala. Khungu likapola anthu amaiwala, koma ngati tinali tizilombo ta likodzo, ntchito yake imakhala itangoyamba.

Pakati pa sabata yachiwiri ndi yachisanu ndi chitatu, ena amatentha thupi, kutsokomola kouma, kuphwanya m'thupi, kutsegula m'mimba kapena kutuluka zidzolo. Zimachitika kwambiri kwa alendo ndi ongosamukira kuno kuchokera kumtunda. Kutentha thupi kulikonse kuno kumayamba ndi kuyezetsa malungo. Akapanda kupezeka, auzeni adokotala kuti munali m'madzi a m'dambo kapena m'ngalande, ndipo tchulani tsiku lake.

Magazi mumkodzo, makamaka timadontho tomaliza, amayamba kuoneka pakapita pafupifupi miyezi itatu. Mtundu wina wa likodzo umagwira matumbo ndi chiwindi, ndipo umabweretsa kupweteka m'mimba ndi magazi m'chimbudzi. Kwa amayi ndi atsikana likodzo limathanso kugwira njira ya chiberekero: kuyabwa kumaliseche, chikazi chosazolowereka, kupweteka kapena kutaya magazi pogonana. Ambiri amapatsidwa mankhwala a matenda opatsirana pogonana mobwerezabwereza, mabanja n'kumakangana, pamene gwero lake ndi madzi amene amachapiramo. Nenani za madziwo, musachite manyazi. Ndipo mnyamata kukodza magazi si chizindikiro cha kukula, ndi matenda, amene akalekereredwa zaka zambiri amawononga chikhodzodzo ndi impso.

Mkodzo wokayezetsa ndi bwino kuutenga pakati pa 10 koloko m'mawa ndi 2 koloko masana, nthawi imene mazira amatuluka ambiri, ndipo musataye madontho omaliza. Mankhwala ake ndi praziquantel, 40 mg pa kilogalamu iliyonse ya kulemera kwa munthu. Piritsi limodzi ndi 600 mg, kotero munthu wa makilogalamu 60 amamwa mapiritsi 4, mwana wa makilogalamu 30 amamwa 2. Achipatala ndiwo ayeze kulemera kapena msinkhu n'kupereka mlingo. Imwani mutadya nsima kapena phala, chifukwa pamimba ya njala amachititsa chizungulire, nseru ndi kupotokola m'mimba.

Cholakwika chofala ndi kuthamangira praziquantel tsiku lomwe khungu layamba kuyabwa. Mankhwalawa amapha nyongolotsi zikuluzikulu koma sagwira bwino zazing'ono zimene zikadakula, choncho amathandiza pakapita masabata 6 mpaka 8 chilowereni m'madzi. Sachiza kuyabwa kwa tizilombo ta mbalame, ndiponso sateteza munthu kuti asadzatengenso. Unduna wa Zaumoyo ukamagawa mankhwalawa m'masukulu ndi m'midzi, ana amwe ngakhale akuoneka athanzi, atadya kaye kunyumba.

Gawo lachisanu: chepetsani kukumana nato

Kuuza msodzi kapena mlimi wa mpunga kuti asalowe m'madzi n'kungotaya mawu. Chotheka ndi kuchepetsa nthawi ndi khungu limene likukhudza madziwo. Majombo a mphira amateteza pokhapokha madzi asakulowa pamwamba. Akalowa, tizilombo timatsekeredwa pakhungu, choncho vulani, khuthulani, pukutani mapazi. Tizilombo ta likodzo timatuluka m'nkhono kwambiri dzuwa likakwera, chapakati pa tsiku, ndiye kuchapa ndi kutunga zichitike m'mamawa ngati n'kotheka, mutaonetsetsa za ng'ona pamalopo.

Chothandiza koposa ndi kutunga madzi n'kukasambira ndi kuchapira kunyumba. Madzi a mumtsinje kapena m'ngalande akakhala mumgolo kapena m'ndowa masiku awiri athunthu, mopanda nkhono ndi udzu, tizilomboti timakhala titafa. Khalani ndi ziwiya ziwiri, china cha lero, china cha mkuja, ndipo musathire madzi atsopano m'akale chifukwa mukatero kuwerenga kumayambiranso. Mukafuna kusamba tsiku lomwelo, wiritsani madziwo mphindi imodzi n'kuwasiya azizire okha, osawasungunula ndi madzi osawiritsa. Kolorini nayenso amapha tizilomboti: thirani monga mwa malangizo a pabotolo kapena a alangizi a zaumoyo, dikirani mphindi 30. Kusunga madzi masiku awiri kumawakonzera kusamba, osati kumwa. Akumwa afunika kuwiritsa kapena kolorini.

Pamudzi, mafumu ndi makomiti a masikimu a ulimi wothirira angachite zambiri ndi makasu okha. Kulambula udzu ndi namasupuni m'ngalande ndi pamadooko kumachotsa pobisalira nkhono, ndipo madzi akamayenda mwamphamvu nkhono sizikhazikika. Olambulawo avale majombo, akokere zinyalalazo kumtunda kuti ziume ndi dzuwa. Pomwera ng'ombe pakhale kumunsi, kutali ndi posambira anthu, ndipo abakha a pakhomo asamasambire pamene ana amasewera. Pafupi ndi dooko, sikimu ndi sukulu pakhale chimbudzi chogwira ntchito, ndipo ana aphunzitsidwe kukodza asanapite kumadzi, chifukwa mwana mmodzi wa likodzo akakodzera m'ngalande amapatsira nkhono za pamalopo. Malo amene ayabwitsa anthu angapo sabata imodzi auzeni alangizi a zaumoyo a m'dera lanu, kuti ana osambira pamenepo ayezedwe mkodzo nthawi yake ikakwana.